Kaligo wa Amalume mu Filimu Yanga Yoyamba

Bambo anga ankakonza njinga pa Migowi. Kashedi kawo kanatsamira khoma la nyumba yoonetseramo mafilimu, ija tonse tinkangoitcha kuti vidiyo, ndipo mwini wake anapachika chisipika panja kuti chiziitana anthu odutsa. Ine ndikaweruka kusukulu ntchito yanga inali kumiza machubu m'beseni la madzi kusaka pobooka, chisipikacho chikulira pamwamba pa mutu wanga. Kulowa mkati bambo sankalola. Ankati mmenemo ana amaphunziramo ndewu ndi mwano. Motero mafilimu ambiri a ubwana wanga sindinawaone ayi, ndinangowamva.

Zolankhula zake sindinkatolapo kanthu, poti zina zinali m'Chingerezi chothamanga, zina m'zilankhulo za kutali zedi. Chomwe ndinkamva ndi nyimbo. Pang'onopang'ono ndinazindikira kuti nyimbozo sizinkangolira chilirelire. Chigawenga chikabisala kuseri kwa chitseko pankabwera kaphokoso kotsika, konjenjemera, ngati njuchi zili m'phanga. Mnyamata akakumana ndi mtsikana pankalira chinthu chofewa, chomwe ndinadzadziwa nditakula kuti ndi vayolini. Anzanga akamatuluka ndinkawauza kuti wina wafa chakumapeto, ndiponso kuti wina anali wachinyengo kuyambira pachiyambi, iwo n'kumalumbira kuti ndinalowa mozemba. Sindinkadziwa kuti pali munthu amene amakhala pansi n'kupeka zimenezo. Ndinkayesa zimangobwera ndi filimuyo, monga fumbi limabwera ndi galimoto.

Kiyibodi ndinaphunzirira kutchalitchi. Kwaya yathu inalandira kiyibodi yakale ya makiyi ena osalira, ndipo poti panalibe wina woifuna, inagwera ine. Nditamaliza sekondale ndinapita ku Blantyre, komwe ndinakhala zaka zingapo mu situdiyo ina ndikuimbira anthu ojambulitsa nyimbo zauzimu, kupeka tinyimbo totsatsira sopo ndi feteleza pa wailesi, ndi kuphunzira kusakaniza mawu pa kompyuta. Ntchito inali yabwino, koma makolo atayamba kufooka ine ndi mkazi wanga tinagwirizana zobwerera kumudzi. Kuseri kwa nyumba yathu pa Migowi ndinamanga kachipinda kopanda zenera, n'kukhoma matiresi akale m'makoma, n'kuika sola padenga. Makwaya a ku Chiringa, kwa Chiwalo ndi madera ena ankabwera kudzajambulitsa. Vuto linali chigayo cha aneba. Chikangoyamba kulira, tonse tinkakhala pansi kudikira. N'chifukwa chake nyimbo zambiri za makwaya a kwathu kuno zinajambulidwa Lamlungu masana chigayo chitatseka, oimba asanavule yunifolomu ya kutchalitchi.

Amene anandilowetsa m'mafilimu ndi mayi wina wa ku Blantyre, wocheperapo kwa ine, wolankhula mwachangu ndi mosapsatira. Iwowo ndiwo analemba nkhani ndi kutsogolera ojambula ndi ochita sewero, ndiye aliyense ankawatcha adayirekita. Anali atamva kanyimbo kotsegulira sewero lina la pa wailesi komwe ndinapeka, ndipo atafunsafunsa anauzidwa kuti mwini wake anabwerera kwawo ku Phalombe. Mwamwayi filimu yawo anaijambulanso konkuno, m'midzi ya m'tsinde mwa phiri la Michesi. Anatsika minibasi tsiku la msika, laputopu ili m'chikwama, tsitsi lili mbuu ndi fumbi, n'kundipeza ndikupukuta sola padenga.

"Ndinu amene mumaimba kiyibodi?" anakuwa ali pansi.

"Ndine, amayi."

"Munapekapo nyimbo za filimu?"

"Ayi."

"Inenso iyi ndi filimu yanga yoyamba. Ndiye tikufanana. Tsikani muione."

Tinaionera m'kachipinda kanga. Inali nkhani ya mayi wolima nandolo amene mwamuna wake anakwera njinga kupita ku Mozambique kukapikula chimanga, osabwererako. Mayiyo amalera yekha mwana wamkazi. Abale amamukakamiza kuti akwatiwenso, iye amakana, osati chifukwa akudikira mwamuna uja, koma sakufunanso kutsamira munthu. Patapita zaka mwamunayo amatulukira atawonda, akukankha njinga, pakaliyala atakhazika kamwana komwe anabereka ndi mkazi wina amene anamwalira kumeneko.

Filimu yopanda nyimbo ndi chinthu chachilendo. Umamva mapazi, kupuma kwa anthu, mphepo ikuwomba maikolofoni, ndipo paliponse pamaoneka ngati pakutalika. Adayirekita ankaimitsa pafupipafupi. "Apa ndikufuna kanthu. Apa ayi. Apa sindikudziwa, muona ndinu." Titamaliza anandiuza zomwe zinali m'mutu mwawo: piyano ndi mavayolini, ngati m'mafilimu akunja omwe anakula akuonera. Anandisiyira filimuyo n'kuthamangira minibasi yomaliza.

Ndinachita zomwe anapempha. Mavayolini ndinalibe, koma mu kompyuta muli mawu ake, ndipo ukawakonza bwino munthu satulukira msanga. Choyamba ndinapeka kanyimbo ka mayi wa nandolo uja, kafupi, koti kazibwera nthawi iliyonse akakhala yekha. Kamakwera pang'ono, n'kutsika, n'kuima kasanafike pothera, ngati munthu wofuna kunena kanthu n'kusintha maganizo. Kanyimbo kameneka ndimakanyadira mpaka lero. Koma nditakaika pansi pa chithunzi cha mayiyo akupalira, chitenje chitathimbirira, zidendene zili ndi ming'alu, china chake sichinkagwirana. Ndinasintha liwiro, ndinatsitsa, ndinakweza, ayi ndithu. Amene ananena poyera ndi mkazi wanga. Anabwera ndi tiyi n'kuima kumbuyo kwanga, akuonera.

"Nyimboyi ndi yokoma," anatero, "koma si ya mayi ameneyu. Ikumveka ngati mlendo wabwera pagalimoto kudzamumvera chisoni."

Mawu amenewo anandikumbutsa amalume, achimwene awo a mayi anga, amene amakhala kuseri kwa Chiringa kufupi ndi malire. Pa unyamata wawo ankavina tchopa, gule wa ife Alomwe, koma chomwe ankadziwika nacho kwambiri ndi kaligo, choimbira cha nsambo imodzi yomwe amaikwecha ndi kauta. Kaligo salira mosalala ngati vayolini. Amalira mosasa, ngati munthu amene mawu amuthera pamaliro, ndipo nthawi zina amaphonya pang'ono n'kubwerera m'njira. Mmawa mwake ndinakwera kabaza kupita kumeneko.

Ndinawapeza akuyanika makaka a chinangwa pamphasa. "Moseliwa, amalume," ndinawalonjera m'Chilomwe changa chosweka, iwo n'kuseka katchulidwe kanga monga amachitira nthawi zonse. Kaligo anali atapachikidwa kudenga, atada ndi mwaye, nsambo itaduka. Anati anasiya kalekale chifukwa ana a masiku ano amangomvera za m'mafoni. Nditafotokoza chomwe ndabwerera anandiyang'ana chammbali.

"Ukufuna ndikaoneke mu kanema? Ndi nkhope ino?"

"Nkhope yanu siioneka, amalume. Anthu azingomva kaligo."

"Nanga adzadziwa bwanji kuti ndine?"

"Okudziwani adzadziwa."

Anatembenuza makaka angapo asanayankhe. "Kandipemphere waya wa buleki ya njinga kwa bambo ako. Wa masiku ano ndi wofewa, andisankhire wakale."

Anabwera Lamlungu lotsatira atavala jekete ndi chipewa, kaligo atamukulunga m'chitenje, atamuika kale nsambo ya waya uja. Ndinawaimbira kanyimbo ka mayi wa nandolo pa kiyibodi. Anamvetsera kawiri, n'kukagwira nthawi yomweyo. Ndinasangalala, koma chimwemwecho sichinakhalitse. Amalume saimba chinthu chimodzi mofanana kawiri. Ulendo woyamba anakatalikitsa, wachiwiri anawonjezamo timikhotakhota tawo, wachitatu anayamba kuimbanso ndi pakamwa za mlamu wawo wina amene anabwereka khasu osabweza.

Pamakwaya zimenezi sizivuta, koma mu filimu nyimbo imayenda ndi chithunzi. Pali malo pomwe mayi uja amaweramuka m'munda n'kuyang'ana kumsewu. Nyimbo ikakwera iye asanaweramuke, woonera amadziwiratu kuti kukubwera kanthu, ndipo wamulanda chidwi. Ikakwera mochedwa, imakhala ngati munthu woseka nthabwala anzake atasiya kale. Iyenera kufika pamodzi ndi mutu wake. Kuti zimenezi zitheke, oimba timawaveka mahedifoni momwe mumamveka kaphokoso kogogoda kosunga liwiro. Ndinawaveka amalume. Sanakhale nawo nthawi.

"Ndani akugogoda m'khutu mwangamu? Muuze asiye."

"Ndi kompyuta, amalume. Ikukuthandizani kuti musathamange."

"Ine ndinayamba kuimba kompyuta yakoyo isanabadwe. Ndithamangira kuti?"

Anawavula n'kuwaika pansi. Kenaka anayamba kupaka utomoni pa kauta, ine ndikuganiza kuti mwina ndingobwerera ku mavayolini aja. Kenaka ndinazindikira kuti ndinali nditawakhazika chofulatira chithunzi. Ankaimbira khoma la matiresi. Ndinatembenuza kompyuta kuti iwayang'ane n'kuyambitsa filimu yonse kuchokera pachiyambi.

Amalume anali asanaonerepo filimu ya Chichewa yojambulidwa m'midzi yomwe amaidziwa. Anazindikira mtengo wa mango wa pamphambano ina, anazindikira mjigo, anazindikiranso mbuzi ya munthu wina. Koma nkhani itakoma anasiya zimenezo n'kuyamba kulankhula ndi anthu a mu filimumo. Achimwene ake a mayi uja akumukakamiza za banja, iwo anati, "Musiyeni mwana, inu! Akudya kwanu?" Mwamuna uja atatulukira ndi njinga, anamenya bondo. "Taonani chitsiru ichi. Ndiye wabweranso ndi katundu."

Itatha ndinabweza pamalo a m'munda paja n'kutsegula maikolofoni. Anatenga kaligo, maso ali pa khasu la mayiyo, n'kuyamba. Kauta kankapita pomwe khasu likutsika, n'kubwerera pomwe likukwera. Mayiyo ataweramuka, nyimbo inaweramuka naye pamodzi. Panalibe chowerengera, ankangomuperekeza munthuyo monga umaperekezera mnzako panjira. Tinagwira ntchito motero masana onse, malo ndi malo. Pena tinkabwereza kangapo, ndipo ulendo uliwonse unkatuluka wosiyana, koma uliwonse unkagwirana ndi chithunzi. Kusankha kunatsalira ine.

Masabata otsatira ndinakhala ndikumanga pansi pa kaligoyo. Ndinaika mawu otsika a kiyibodi, ofatsa, oti munthu asawazindikire koma akachotsedwa amve kuti pasowa kanthu. Ng'oma sindinafune, chifukwa ng'oma za kwathu zikangolira mapewa amayamba okha kugwedezeka, ndipo iyi sinali filimu yovina. M'malo mwake mkazi wanga anatenga makoko a nandolo wouma m'lichero n'kumawagwedeza pafupi ndi maikolofoni, ndipo kaphokoso kake, tswa tswa tswa, kanakhala ngati kugunda kwa filimu yonse. Ndinaphunziranso chinthu chomwe makwaya sanandiphunzitse. Kaligo amalira pamsinkhu womwewo ndi mawu a munthu wamkazi, ndiye akalira mayi uja akulankhula, awiriwo amalimbana ndipo woonera samva bwino aliyense. Ndinayenera kudula nyimbo m'tizidutswa n'kumatilowetsa m'mipata ya mawu, kuti mayiyo akanena, kaligo amuyankhe, osati kumudula pakamwa.

Nditatumiza ku Blantyre, foni inalira tsiku lomwelo.

"Ndinapempha mavayolini," anatero adayirekita.

"Munapempha, amayi. Aliponso, ndikhoza kutumiza. Koma muonere kaye iyi mpaka kumapeto, pa sipika zabwino, osati pafoni."

"Ndikubwera komweko," anatero, n'kudula.

Anafika kumapeto kwa sabata. Anakhala pampando wanga, manja atapinda, n'kuonera osaimitsa ngakhale kamodzi, chinthu chomwe anali asanachitepo. Ine ndinaima pakhomo ndikuyang'ana msana wawo. Itatha anatembenukira kwa ine.

"Chinthu chikulirachi dzina lake n'chiyani?"

"Kaligo."

"Chikhale. Mavayolini aja muwaiwale. Koma pa mwana wamkazi uja akakhala kusukulu mubwezeretse piyano. Iyeyo maso ake ali kutauni, si wa m'munda ngati mayi ake."

Pamenepo ndinavomera msanga, chifukwa ankanena zoona, ndipo zinandipatsa nzeru ina: chakumapeto, mwanayo akamathandiza mayi ake kukolola, piyano ndi kaligo zinadzaimba kanyimbo kamodzi kwa nthawi yoyamba. Koma anali asanamalize.

"Tsopano pobwera mwamuna paja. Chotsanipo zonse."

Ndinayesa sindinamve bwino. Pamenepo ndi pomwe ndinathera mphamvu zanga zonse. Mwamuna waima m'mphepete mwa munda ndi njinga ndi kamwana, mayi uja akuthyola nandolo, wamuona koma sakutembenuka. Ndinali nditaikapo kaligo wabwino kuposa yense amene amalume anaimba tsiku lija, pansi pake kiyibodi ikukwera pang'onopang'ono, mpaka ine mwini misozi inkalengeza.

"Amayi, pamenepa ndiye pamtima pa filimu. Pakhale popanda nyimbo?"

"N'chifukwa chake ndikuti muchotse. Mwanena zonse inuyo. Mwatiuza kuti mayiyu akumva kuwawa, mwatiuzanso kuti akhululuka. Ine sindikufuna anthu adziwe ngati akhululuke kapena ayi. Ndikufuna aziyang'ana msana wake akuopa."

Tinakangana ndithu. Mkazi wanga atabwera kudzatiitanira chakudya anatipeza aliyense akuloza kompyuta ndi chala, n'kubwerera. Pomaliza ndinati tiyese, kuti aone okha kuti pakhala pozizira. Ndinatseka nyimbo yonse n'kuyambitsa. Kunatsala kaphokoso ka makoko m'manja mwa mayiyo, tcheni cha njinga chikugunda, ndi kamwana kakutsokomola. Panatalika, ndipo kutalika kwakeko kunkafinya pamtima. Ndinapezeka kuti ndasiya kupuma, ngakhale ndinkadziwa bwino mathero ake.

"Mwaona?" anatero.

"Ndaona. Koma ndipatseni malo amodzi."

Chakumapeto kwa gawo limenelo mayi uja amatenga chikho cha madzi n'kudutsa mwamunayo ngati palibe munthu, n'kukamwetsa kamwana kaja. Ndinafufuza m'zomwe amalume anaimba n'kupeza liwu limodzi lalitali, losasa, lomwe anakoka pomwe ankangoyesa nsambo. Ndinaliika pomwe chikho chikufika pakamwa pa mwanayo. Liwu limodzi lokha, kenaka kanyimbo ka mayi uja, ndipo ulendo uno wokha ndinakalola kufika pothera. Tinaonera. Adayirekita anavula magalasi n'kuyamba kuwapukuta ndi nsonga ya bulauzi kwa nthawi yaitali.

"Musakhudzenso pamenepa," anatero.

Ntchito sinathere pomwepo. Atabwerera ku Blantyre anadula zigawo zina zomwe ankaona kuti zikutalika, ndipo chithunzi chikafupika nyimbo yonse yotsatira imasuntha. Malo omwe ndinawayeza bwinobwino anasokonekera, mutu wa mayi uja unkaweramuka nyimbo ili kumbuyo. Ndinakonzanso. Anadulanso, ndinakonzanso. Mvula inayamba, ndipo pa malata pakagwa mvula sujambula kanthu. Masiku a mitambo batire la sola linkatha ntchito ili pakati. Koma tinamaliza.

Filimuyo inaonetsedwa koyamba ku Blantyre, mu holo ya mipando yofewa, ndipo ine ndi mkazi wanga tinapitako. Anthu anaomba m'manja, ena anandigwira chanza. Zinali zabwino, koma tsiku lomwe ndimalikumbukira kwambiri ndi lomwe adayirekita anabwera nayo ku Migowi, monga analonjezera anthu a m'midzi yomwe anajambulamo. Tinabwereka holo ya tchalitchi Loweruka masana. Amayi a mvano anatseka mazenera ndi mabulangete ndi matumba a feteleza, tinapachika nsalu yoyera kutsogolo, jenereta tinaiika kutali kuseri kwa zimbudzi kuti isasokose. Anthu anadzaza mpaka ena kukhala m'mawindo akusuzumira kuseri kwa mabulangete. Amalume anafika molawirira ndi jekete lomwe lija n'kukhala kutsogolo penipeni.

Kwathu kuno filimu sitionera mwakachetechete. Anthu amalangiza ochita sewero, amawakalipira, amauzana zomwe zichitike. Wina akaona nyumba yake kapena mwana wake akudutsa kumbuyo, holo yonse imadziwa. Kwa kanthawi ndinada nkhawa kuti ntchito yanga yonse imira m'phokosomo. Koma pofika pamunda paja, kaligo atangoyamba, bambo wina wachikulire kumbuyo anakuwa kuti, "Aaa! Ameneyo ndi mkulu uja wa kuseri kwa Chiringa! Akadali moyo?" Anthu anaseka, mitu inatembenuka kusakasaka, ndipo amalume anangowongola khosi osacheuka, ngati sakumva.

Pobwera mwamuna uja ndi njinga, mayi wina mu holomo anakuwa, "Usamulandire ameneyo!" Ena anavomereza. Kenaka phokoso linayamba kuzilala lokha. Panalibe nyimbo yowauza choti amve, ndiye anangoti maso tong'o pa msana wa mayi wa nandolo uja. Mu holo yodzaza chotero munkamveka makoko a nandolo ndi chifuwa cha kamwana kaja. Sindinaonepo anthu a pa Migowi atakhala chete motero, ngakhale pa ulaliki. Chikho chitafika pakamwa pa mwanayo, liwu lija la kaligo linatuluka, ndipo holo yonse inapuma pamodzi, "Hmmm." Mayi amene anakuwa uja ndinamuona akupukuta m'maso ndi chitenje. Ndinayang'ana adayirekita, amene anaima kukhoma lina, iwonso anandiyang'ana, n'kugwedeza mutu kamodzi.

Kumapeto kwa filimu mayina amayenda kukwera m'mwamba, ndipo nthawi imeneyo anthu amakhala akudzuka kale. Amalume sadziwa kuwerenga, ndiye mkazi wanga anagwada pambali pawo n'kuwalozera. "Ilo dzina lanu, amalume. Ilo, pansi pa la mwana wa mlongo wanu." Lisanathe n'komwe kuwalowa m'maso linali litadutsa. Anaimirira n'kukweza ndodo.

"Bwezani! Sindinalione bwino."

Anthu anaseka, koma adayirekita anabwezadi, n'kuimitsa pomwepo. Dzina lawo linaima pansalu yoyera, langa lili pamwamba pake pomwe panalembedwa kuti wopeka nyimbo. Amalume analiyang'ana nthawi yaitali, chipewa chili m'manja. Holo inaomba m'manja, amayi analuluta, ndipo ine amene ndinkaganiza kuti ndaumitsa mtima ndinatuluka panja kukayang'ana jenereta yomwe inalibe vuto lililonse.

Kunjako anandipeza mayi amene anasewera ngati mlimi wa nandolo uja. Ndi mphunzitsi wa pulayimale wa mbali ya kwa Chiwalo, amene ankachita masewero a kutchalitchi asanasankhidwe. Tinali tisanalankhulanepo, ngakhale ine nkhope yake ndinali nditaiyang'ana miyezi yambiri mpaka kudziwa pomwe amaphethira.

"Achimwene, ndinu mwaika nyimbozi?" anafunsa. "Tsiku lomwe tinkajambula pamunda paja, ine ndinkangoganiza za dzuwa ndi nyerere zomwe zinkandiluma kumapazi. Lero ndiye ndamudziwa mayi ameneyu. Ndamulirira ngati si ine."

Ndinangoti zikomo, ndipo mawu amenewo ndimawasunga kuposa kuomba m'manja konse kwa ku Blantyre.

Kuchokera pamenepo ntchito zinayamba kubwera. Ndapekera mafilimu ena angapo, aatali ndi aafupi, ndi masewero a pa kanema. Ena amandiuza kuti ndisamukire ku Lilongwe kapena ku Blantyre komwe kuli ntchito zambiri, koma masiku ano filimu imatha kufika pa Migowi kudzera pa intaneti, bola netiweki ikhale ndi mtima wabwino tsiku limenelo. Anthu akandifunsa ntchito yanga pamaliro kapena paukwati, ndimati ndimapeka nyimbo za m'mafilimu. Ambiri amafunsanso kuti, "Ndiye mumaoneka pati?" Ndimayankha kuti sindioneka, ndipo sizindivuta.

Amalume anasanduka munthu wovuta. Savomera kuimba asanaonere filimu yonse, ndipo ina anaikana chifukwa ankati nkhani yake ndi yabodza, palibe mkamwini angalankhule motero kwa apongozi ake. Chaka chatha adayirekita aja anabwera ndi filimu yoseketsa ya anyamata a kabaza olimbirana makasitomala. Amalume anaionera, anaseka mpaka kutsokomola, kenaka anati, "Umu kaligo salowamo. Ukafune wa lipenga."

Wa lipenga ndinamupeza kwa Chiwalo, bambo wina wamfupi, wonenepa, amene ankaliza lipenga ali msilikali ndipo tsopano amaweta nkhumba. Ndinamuchenjeza kuti kachipinda kanga ndi kakang'ono, alize mofatsa. Anavomera ndi ulemu wonse, anapukuta milomo, anakoka mpweya, n'kuliza mwamphamvu moti agalu a mzere wonse anayamba kuuwa ndipo ana anathamangira pakhomo kudzaona ngati kwabwera asilikali. Tinajambulanso bwinobwino agalu atatopa. Koma nditamvetsera zonse ziwiri pansi pa chithunzi cha anyamata a kabaza akuthamangitsana pamsika, yoyamba ija ndi imene inakwanira. Ndinaitumiza momwemo, ndi agalu omwe, ndipo adayirekita sanachotsepo ngakhale galu mmodzi.